Mawu a Mlendo Wolemekezeka Potsegulira Chionetsero cha Zojambula za Ana a Sukulu ku Euthini

Inkosi Chindi ndi makhosi onse, abusa a mipingo, aphunzitsi, makolo, ndi inu ana athu: ndagwira mwendo, mundilole ndiyankhule Chichewa pa nthaka ya Angoni ndi Atumbuka, pakuti mlendo ndi mame, sindikhalitsa.

Pamene makolo anu ankaoloka Zambezi pafupi ndi Zumbo, Zwangendaba ali patsogolo, dzuwa linada usana, ndipo popeza anthu aja anakweza maso nasunga m'mitima chimene anachiona, odziwa za nyenyezi atawerengera nyengo za kadamsana anakhoza kutiuza kuti munali mu Novembala 1835. Patapita zaka 23, pa mtsinje womwewo panafika Mngerezi wina, Thomas Baines wa ku King's Lynn, wobadwa mu 1820, amene pa unyamata wake ankapenta ngolo za akavalo, nazolowetsa dzanja lake kujambula mapiri, mitsinje ndi mitambo. David Livingstone anamtenga kuti akhale wojambula ndi wosunga katundu wa ulendo wake wa pa Zambezi. Ndipo ku Tete, ngakhale malungo ankamgwetsa kawirikawiri, iye anajambula mudziwo, ngalawa yawo ya Ma Robert, ndi mathithi a Kebrabasa, kumene lero kuli damu la Cahora Bassa.

Chimene chinandikopa pa munthu ameneyu n'chakuti m'maulendo ake, dzuwa likalowa, ankatula burashi natenga kachipangizo kotchedwa sextant, napima kutalika kwa nyenyezi pamwamba pa dziko, kuti mtsinje umene anaujambula masana aulembe pa mapu pamalo pake penipeni. Akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo Baines anadekha.

Mu 1859 Livingstone anamchotsa ntchito pomunamizira kuba katundu, osampatsa bwalo loti adziyankhire, koma sanataye mtima: mu 1862 anafika ku mathithi a Mosi-oa-Tunya pamodzi ndi James Chapman, zithunzi zake zinasindikizidwa ku London mu 1865, ndipo anamwalira ku Durban mu 1875 ali wosauka.

Komatu ndisakubisireni: ankafunanso golide m'dziko la mfumu Lobengula, ndipo opalasa bwato ndi amayi osenza mitsuko amene ali m'zithunzi zake, ambiri a iwo sitiwadziwa maina. Dziko analiona bwino, koma analiona ndi diso la mlendo. Nanga phiri la Hora, mtsinje wa Rukuru, ng'ombe zobwera kubusa ndi ingoma ya agogo anu, adzazijambula ndani ngati si inu amene munabadwira pano?

Makolo, mwana akapempha pensulo ndi pepala musamuyese waulesi. Ana inu, usiku uno tulukani pabwalo mupenye kumwamba, mawa mujambule chimene mwaona, ndipo pansi pa nkhope iliyonse mulembe dzina la mwini wake. Chionetsero chatsegulidwa.