Kodi Mwini Dziko Ndani? Phunziro la ku Scotland



Ku Scotland aluso a lero akulimbana ndi funso lolemera: kodi mwini dziko ndani? Jasleen Kaur, wobadwira ku Glasgow m'banja la Asikhi, anayankha pofunditsa galimoto yofiira ya Ford Escort nsalu yaikulu yolukidwa, nasanganizapo nyimbo za ubwana wake. Mu 2024 analandira mphotho ya Turner Prize. Alberta Whittle, wobadwira ku Barbados, anaimira Scotland ku Venice mu 2022 ndi kanema, zosema ndi nsalu zokumbutsa ukapolo umene dzikolo linatengamo mbali.

Onsewa akufukula mbiri kuti mtundu udzidziwe bwino. Choncho ana akamafunsa za miyambo, asadzudzulidwe. Paja safunsa anadya phula.