MKOMBERO UNAGWA, MWINI WACE SANAGWE MPHWAYI

(Nkhani yokambidwa pa wailesi kwa alimi ndi mafumu a m'boma la Ncheu)

 Masiku onse pa nthawi yino timakamba za cimanga, za mbatata ya kacewere ndi za ng'ombe. Lero ndipempha kuti tiyambe taika khasu pansi, ndikuuzeni za mtsikana wina wa ku dziko lakutali amene anagwetsa mkombero pamaso pa anthu a maiko onse, ndi zimene anacita pambuyo pace. Musatseke wailesi poganiza kuti nkhani ya masewera ndi ya ana. Pomaliza mudzaona kuti ikhudza bwalo la m'mudzi mwanu.

MASEWERA ACE NDI OTANI?

Masewera amene ndinena amachedwa rhythmic gymnastics pa Cingerezi. Ife tingati ndi kubvina konyamula cida m'manja. Inu Angoni simudzabvutika kumva zimenezi, pakuti mwamuna wobvina ngoma sabvina cimanjamanja iai. Cishango ciri ku dzanja lina, cibonga ku dzanja lina, ndipo phazi liyenera kugunda pansi pamodzi ndi nyimbo. Momwemonso atsikana a masewerawa. Zida zao ndi zisanu: cingwe, mpira, tizibonga tiwiri, riboni ndi mkombero. Riboniyo ndi kansalu kopyapyala komangidwa ku kandodo, kutalika kwace mamita 6, ngati mutalumikiza zitenje zitatu. Mkomberowo ufanana ndi wa licero, koma ndi waukuru, masentimita 80 kufikira 90 m'mimba mwace, wakuti munthu apyola bwino lomwe.

Mtsikana amabvina pa mkeka wa mamita 13 mbali zonse zinai, ndipo nthawi yace sipitirira mphindi imodzi ndi theka pa cida ciri conse. Aponya cida m'mwamba kutali, iye nagudubuka kapena kuzungulira pansi, nadzaciwakha cisanagwe, nyimbo iri mkati. Oweruza akhala pambali kulemba malikisi. Cida cikagwa amcotsera malikisi, ndipo cikaturuka kunja kwa mkeka amcotseranso ena.

Mpikisano waukuru koposa ndi wa Olympic, umene ucitika kamodzi pa zaka zinai ziri zonse. Kubvina kumeneku kunalowa m'masewera a Olympic m'caka ca 1984 ku Los Angeles, ndipo woyamba kulandira mendulo ya golidi anali Lori Fung wa ku Canada. Kumeneko opikisana ace ndi akazi okha okha.

MWANA WA KU TASHKENT

Mtsikana wa nkhani yathu dzina lace ndi Alina Kabaeva. Anabadwa pa 12 May 1983 mu mzinda wa Tashkent, m'dziko la Uzbekistan. Atate ace anali katswiri wa mpira wa miyendo. Anayamba kuphunzira masewerawa ali ndi zaka 3, msinkhu umene mwana wathu kuno akali kugwira citenje ca amace popita ku dimba. Atasinkhukirapo, amai ace anamtenga kunka naye ku Moscow, ku Russia, kwa mphunzitsi wochuka dzina lace Irina Viner, ndipo kuyambira pamenepo anapikisana m'dzina la dziko la Russia.

Zipatso sizinacedwe. M'caka ca 1998, ali ndi zaka 15, anapambana akazi onse a ku Ulaya pa mpikisano wa ku Porto. M'caka ca 1999 ku Osaka, ku Japan, anapambana a dziko lonse lapansi. Thupi lace linali lofewa ngati luzi lonyowa, kotero kuti anthu odziwa masewerawa anati pa Olympic ya 2000 golidi ndi wace basi, ena onse angolimbirana malo aciwiri.

TSIKU LA KU SYDNEY

Koma akuru anati fodya wako ndi uyo ali pamphuno. Masewera a 2000 anacitikira ku Sydney, ku Australia. Pa tsiku lomaliza Alina analowa ndi mkombero, cida cimene anacigwira masiku osawerengeka. Mwadzidzidzi mkombero unampulumuka m'manja, nugudubuka kuturuka kunja kwa mkeka. Mtsikana wa zaka 17 anauthamangira, anthu zikwi zambiri alikupenya, nautola, nabwerera pakati, natsiriza gule wace. Malikisi anacepa. Golidi anapita kwa mnzace wa ku Russia komweko, Yulia Barsukova, siliva kwa Yulia Raskina wa ku Belarus, ndipo Alina anatsalira mendulo ya mkuwa, ya munthu wacitatu.

Taganizani, alimi anzanga. Zaka 14 za kuphunzira, ndipo zonse zinaterereka pa kuphethira kwa diso kumodzi. Inu amene munaonapo matalala atagwetsa fodya sabata imodzi musanathyole, mudziwa m'mene mtima umawawira.

Tsoka silinathere pomwepo. M'caka ca 2001, pa mpikisano wa ku Brisbane, madotolo anapeza m'thupi mwace ndi mwa mnzace Irina Tchachina mankhwala ochedwa furosemide. Awa ndi mankhwala okodzetsa. Amaturutsa madzi m'thupi kuti munthu apepuke msanga, ndiponso angathe kubisa mankhwala ena, cifukwa cace ndi oletsedwa m'masewera. Lamulo lace ndi louma: ngakhale mankhwala alowe m'thupi mwa njira yotani, wosewera ndiye asenza mlandu. Awiriwo analandidwa mamendulo a ku Brisbane ndi amene anapambana caka comweco ku Madrid, ndipo Alina analetsedwa kupikisana caka cathunthu.

ANABWERANSO

Ambiri akadalekera pomwepo. Iye anabwerera ku mkeka. M'caka ca 2003 ku Budapest anapambananso a dziko lonse lapansi. Tsono m'mwezi wa August 2004, pa Olympic ya ku Athens, ku Greece, analowa ndi mkombero, ndi mpira, ndi tizibonga, ndi riboni, ndipo pamene oweruza anaonkhetsa malikisi palibe anamposa. Analandira golidi ali ndi zaka 21. Waciwiri anali Irina Tchachina yemwe uja, wacitatu Anna Bessonova wa ku Ukraine. Ku Athens komweko kunalinso mtsikana wa ku Africa kuno, Stephanie Sandler wa ku South Africa.

Alina analeka kupikisana m'caka ca 2007, ali ndi zaka 24 zokha. Nyengo ya masewerawa ndi yaifupi. Pa msinkhu umene mnyamata wa kwathu angoyamba kumanga nkhokwe yaceyace, katswiri wotere nchito yace yatha kale.

NANGA IFE ZITIKHUDZA BWANJI?

Masewerawa si a kwathu, ndipo sindinena kuti mawa mugule riboni. Koma luso lace liripo m'midzi mwathu. Penyani atsikana posewera phada m'mene aponyera mwala m'mwamba nauwakha osayang'ana. Penyani polumpha cingwe, pozinda mpira wa fulaye, pobvina uyeni. Maso, manja ndi mapazi ndi omwewo. Dziko lathu linayamba kutumiza anthu ku Olympic m'caka ca 1972, ndipo kufikira masewera a ku Paris a 2024 mendulo sinabwere. Komabe mu mzinda womwe uja wa Sydney, m'caka ca 2015, pa mpikisano wa nchemberembaye wa dziko lonse lapansi, amene anasankhidwa kuti anasewera bwino koposa onse anali Mwai Kumwenda, mwana wa ku Mzimba. Iyenso anayambira pa bwalo la fumbi.

Cifukwa cace, mafumu, ndipempha zinthu zinai.

Coyamba, sungani bwalo. Malo acepa, tidziwa, koma musalole kuti pamene ana asewera palimidwe mizere. Ndipo bwalolo lisakhale la anyamata a mpira okha. Ikani masiku akuti atsikana nawonso alowepo.

Caciwiri, makolo, gawani nchito mwacilungamo. Mtsikana akaweruka ku sukulu atunge madzi, atole nkhuni, asinje, aphike, pamene mlongo wace ali ku bwalo. Luso lotere limafera pa mtondo. Kuongola mtengo mpoyamba.

Cacitatu, musamfunire mwana njira yacidule. Cithumwa kapena mbulu wa mankhwala wogula pa msika sizipatsa luso. Mwamva m'mene katswiri wa dziko lonse anatayira mamendulo ace ndi caka cathunthu. Ndiponso masewera asalande malo a sukulu, pakuti thupi limatopa msanga koma maphunziro akalamba naye munthu.

Cacinai ndico cacikuru. Mwana akagwetsa cida pa bwalo, musamseke mpaka kumthawitsa. Ana ambiri a luso analeka kubvina kapena kuthamanga cifukwa ca phwete la akuru pa tsiku limodzi loipa. Alina anagwetsa mkombero pamaso pa maiko onse, koma mphunzitsi wace sanamtaye, ndipo mkeka unali kumdikira m'mawa mwace. Patapita zaka zinai anatenga cimene cinampulumuka. Inu nomwe, mbeu zikapserera simugulitsa khasu. Mumasunga mbeu zina, nimudikira mvula yoyamba.

Tsono madzulo ano, atsikana akasonkhana pa bwalo, mfumu itenge mpando wace ikhale nawo pang'ono, ione amene ali ndi dzanja lowakha ndi phazi lomvera ng'oma. Wina akagwetsa, imuuze kuti atole ayambenso.

Sabata yamawa tidzabwerera ku munda, tidzakambe za kasungidwe ka mbeu ya kacewere. Tsalani bwino nonse.