FONI PANSI, TILERETSE ANA

Ife aphunzitsi anu ndife ana anu. Tiloleni lero tilankhule za ana athu tonse.

Ambiri a ife tili ndi ana mumzinda wa Tete. Amakhala kwa abale ku Matundo kapena ku Chingodzi kuti aphunzire sekondale. Kale ana akamenyana, wamkulu wodutsa ankawaleretsa. Ndewu inkathera pomwepo. Lero anzawo amawazungulira, foni m'manja, n'kumajambula. Dzuwa lisanalowe, vidiyo yafika ku Moatize, yafika ku Ulónguè, yafika m'mudzi muno.

Kodi vidiyo imayenda yokha? Ayi. Imayendetsedwa ndi chala chathu. Facebook ndi TikTok zimaonetsa kwambiri zinthu zimene anthu ambiri akuonera. Tikaonera n'kutumiza, tasonkhezera moto.

Womenyedwa amalira kawiri: tsiku la ndewu, ndiponso tsiku lililonse pamene anthu akumuseka. Womenya amadziyesa ngwazi, mawa amafuna wina woti amumenye. Bala limapola, koma vidiyo imakhalabe. Mwana adzakula, adzafuna ntchito, vidiyo ili pomwepo.

Dziko lathu lili ndi lamulo loteteza ana, Lamulo 7/2008. Palinso nambala yaulere ya ana, 116, yotchedwa Linha Fala Criança. Mwana kapena kholo angaimbe osalipira. Koma lamulo silingagwire chala chathu. Chala tigwire tokha.

M'chaka cha 1978 dziko lathu linayamba nkhondo yolimbana ndi kusadziwa kuwerenga. Lero nkhondoyo yafika pa foni. Tiyeni tiwerenge mawu atatu a Chipwitikizi amene timawaona pamenepo:

PARTILHAR: kugawira ena. Apa tisakhudze.
DENUNCIAR: kuneneza. Apa tidine.
APAGAR: kufufuta. Apanso tidine.

Tikaona ana akumenyana, tiike foni pansi, tiwaleretse. Vidiyo ikatifika, ithere kwa ife. Tikamudziwa mwanayo, tiuze makolo ake mwakachetechete, osati pa gulu la WhatsApp. Ndewu ikachitikira kusukulu, tipite kwa aphunzitsi ndi ku khonsolo ya sukulu. Mwana wa mnzako ngwako yemwe.

TIKAMBIRANE
1. Kodi wojambula ndewu ndi wosalakwa?
2. Mwana wa m'vidiyoyo atakhala wathu, tingafune kuti anzathu achite chiyani?

TILEMBE
Vidiyo ya ndewu ithere kwa ine.