Ulendo Wanga wa ku Angkor, m'Dziko la Cambodia

(Mau amene mphunzitsi mnzathu wa pa sukulu ya pulaimale ananena pa msonkhano wa aphunzitsi.)

 Mwandipempha kuti ndisimbe za ulendo umene ndinayenda pa chuthi ca December 2023, pamene amalume anga, amene anali pa nchito ku Cambodia, anandiitana ndi kundilipirira ndege. Musaganize kuti malipiro a mphunzitsi wa kumudzi anandifikitsa kumeneko, pakuti inu nonse muwadziwa bwino.

Cambodia ndi dziko la kum'mwera cakum'mawa kwa Asia, pakati pa Thailand, Laos ndi Vietnam, ndipo eni ace ambiri ndi anthu a mtundu wa Khmer. Pafupi ndi tauni ya Siem Reap pali mabwinja a Angkor, umene unali mzinda waukulu wa mafumu ao. Ufumuwo unayamba m'caka ca 802, pamene Jayavarman II analengezedwa kukhala mfumu pa phiri la Kulen, ndipo unakhala zaka zoposa 600.

Tsiku loyamba tinagula ziphaso za masiku atatu, munthu mmodzi madola 62, ndipo tinalowa tokha, poganiza kuti munthu wodziwa kuwerenga safuna womuperekeza. Tinayenda kufikira miyendo inawawa, tinaona miyala yambiri yosema, koma madzulo pamene amalume anandifunsa cimene ndaphunzira, ndinasowa coyankha. Akulu anati safunsa anadya phula. M'mawa mwace tinalemba woperekeza wathu wathu, bambo wa zaka ngati 50, wokhala ndi cilolezo ca boma ca nchito imeneyi, pamodzi ndi mnyamata woyendetsa njinga yamoto yokoka kangolo, imene iwo amaicha tuk-tuk. Kuyambira pamenepo miyala ija inayamba kumveka.

Anatidzutsa mbandakuca kuti tikaone dzuwa likuturuka kuseri kwa Angkor Wat. Kacisi ameneyu anamangidwa ndi mfumu Suryavarman II, amene analowa ufumu mu 1113, ndipo anammangira mulungu wa Ahindu wochedwa Vishnu. Pambuyo pace anasanduka malo a Abuda, ndipo ansembe ao obvala nsaru zofiirira alipo kufikira lero. Pali nsanja zisanu, ndipo ya pakati ikwera mamita 65 kucokera pansi. Kacisi yense wazingidwa ndi ngalande ya madzi, m'mimba mwace mamita 190. Woperekeza anatifotokozera kuti nsanjazo ziimira nsonga za phiri la Meru, limene Ahindu amati liri pakati pa dziko, ndi kuti madziwo aimira nyanja yozinga dziko lonse. Motero nyumba yonseyo iri ngati mapu a cikhulupiriro cao, omangidwa ndi miyala. Miyala yambiri inakumbidwa m'munsi mwa phiri la Kulen, mtunda wa makilomita ngati 40, ndi kubwera nayo pa madzi m'ngalande.

Cimene ndinaona mwa munthuyu ndi kaphunzitsidwe kace. Pofika pa khoma lalitali mamita ngati 49, pamene anasemapo milungu ndi ziwanda zikukokana njoka yaikulu monga ana akokana cingwe pa bwalo la sukulu, iye sanayambe ndi kulongosola. Anandifunsa kuti, "Aphunzitsi, muona ciani apa?" Nditayankha, anandionetsa kusiyana kwa nkhope ndi zisoti za mbali ziwirizo, ndipo pomwepo ndipo anasimba nthano yao, ya kubvundula nyanja ya mkaka kuti muturuke mankhwala a moyo wosatha. Ndinacita manyazi pang'ono, pokumbukira masiku ambiri amene ine ndimalemba pa bolodi mayankho a mafunso amene ana sanafunse.

Kucokera apo tinalowa mu Angkor Thom, mzinda wa linga umene anamanga Jayavarman VII. Mfumu imeneyi inalowa ufumu mu 1181, itapitikitsa ankhondo a mtundu wa Cham amene anafunkha mzindawo mu 1177. Pakati pa mzinda pali kacisi wa Bayon, wokhala ndi nkhope zazikulu za mwala zoposa 200, zoyang'ana mbali zonse zinai. Alendo ambiri amathamangira nkhopezo kukajambula zithunzi, koma woperekeza wathu anatitengera ku khoma la kunja, kumene amisiri anasema moyo wa anthu wamba. Pali amai ogulitsa nsomba pa msika, amuna omenyanitsa atambala, anthu ophika, asodzi m'mabwato, ndi mai ali m'cikuta azamba atamzinga. Pali ngolo ya ng'ombe yofanana ndi zimene tinakumana nazo m'njira za kumidzi. Mfumu yomweyo inamanganso zipatala 102 m'dziko lace, ndi nyumba zopumuliramo apaulendo m'mbali mwa miseu.

Ku Ta Prohm, kacisi amene mfumuyo inamangira amai ace mu 1186, mitengo ikuluikulu yamera pa makoma, ndipo mizu yace yalowa pakati pa miyala ndi kuikankha. Mwala wolembedwa wa pamenepo unena kuti anthu 12,640 ankatumikira m'kacisiyo, ndi kuti anthu pafupifupi 80,000 a m'midzi yoposa 3,000 ankapereka cakudya ndi zofunika zina. Ndinafunsa kuti, kodi cakudya ca khamu lotere cinkacokera kuti? Woperekeza anaseka, nati funso limenelo yankho lace siliri m'kacisi, tiyeni kumunda.

Anatitengera ku West Baray, dziwe lokumbidwa ndi manja m'zaka za m'ma 1000, m'litali makilomita 8, m'mimba makilomita 2, ndipo lisunga madzi kufikira lero. Dziko lija liri ndi nyengo ziwiri monga lathu lino, dzinja la mvula yambiri ndi cilimwe couma. Anthu a Khmer anakumba maiwe ndi ngalande kuti agwire madzi a dzinja ndi kuwatsogolera kumene awafuna. Mlendo wa ku China, Zhou Daguan, amene anakhala ku Angkor mu 1296 ndi 1297, analemba kuti anthu ankakolola mpunga katatu kapena kanai pa caka. M'caka ca 2012 akatswiri anayeza dzikolo ali m'ndege ya helikopita, ndi makina a kuunika amene aona nthaka kupyola masamba a mitengo, ndipo anapeza miseu, maiwe ndi malo a nyumba zambirimbiri zobisika m'nkhalango. Nyumba za anthu, ngakhale ya mfumu, zinali za mitengo, ndipo zinaola. Miyala inali ya milungu yokha.

Nanga mzinda wotere unatha bwanji? Mabuku ambiri achula caka ca 1431, pamene ankhondo a Ayutthaya, m'dziko limene lero ndi Thailand, anaukira Angkor, ndipo mafumu anasamukira kum'mwera, kufupi ndi Phnom Penh. Koma ophunzira apeza cifukwa cina. Poyeza mizere ya m'kati mwa mitengo yakalekale, aona kuti m'zaka za m'ma 1300 ndi 1400 kunagwa zilala zazitali, ndipo pakati pace mvula yoopsa. Madzi osefukira anagumula makhumbi ndi kudzaza ngalande ndi mcenga, ndipo nchito yokonza inaposa mphamvu za anthu. Madzi saiwala khwawa. Ukaleka kuwasamala, abwerera m'njira yao yakale.

Tsiku lotsiriza tinapita kumidzi. Tinayamba ndi Banteay Srei, kacisi wamng'ono wa mwala wofiira, wa m'caka ca 967. Amene anammanga sanali mfumu ai, koma Yajnavaraha, munthu wophunzira amene anali phungu wa mfumu ndi mphunzitsi wa mwana wace. Zosema zace nzosalala monga za pa mtengo, ndipo mu 1923 Mfalansa André Malraux anagwidwa atabapo miyala ina. M'njira tinaima pa mudzi wa Preah Dak, pamene amai amaphika madzi a mtengo wofanana ndi mgwalangwa m'miphika yaikulu kufikira asanduka shuga. Amuna amakwera mitengoyo pa makwerero a nsungwi m'mawa ndi madzulo, monga acita ogoma ucema. Nthawiyo inali ya masika ao, ndipo mpunga unali woyanikidwa m'mbali mwa mseu. Madzulo tinafika ku Kampong Phluk, pa nyanja ya Tonle Sap, kumene nyumba zimangidwa pa mizati yaitali kuposa denga la kalasi. Cifukwa cace ndi ici: m'dzinja mtsinje wa Mekong udzala kotero kuti ukankha mtsinje wa Tonle Sap kubwerera m'mbuyo, ndipo nyanjayo ikula kanai kapena kasanu. Madzi akaphwa, anthu agwira nsomba zocuruka, nazisunga ndi mcere m'mitsuko. Ndiwo imeneyi amaicha prahok.

Ku Siem Reap ndinakumananso ndi mnansi wa kwathu, ndiye bwampini. Nkhondo zinasiya mabomba ambiri okwiriridwa m'minda ya Cambodia, ndipo bungwe la APOPO liphunzitsa abwampini ku Morogoro, m'dziko la Tanzania, kununkhiza onga. Kanyamaka nkopepuka, kotero kuti sikaphulitsa bomba. Kakalipeza kapalasa pansi, ndipo malipiro ace ndi nthoci. Mmodzi wochedwa Magawa anapeza mabomba oposa 100, analandira mendulo ya golidi mu 2020, ndipo anafa mu 2022. Ana anga a Grade 5 atamva ici anakhala cete, pakuti ambiri a iwo adziwa bwampini m'mbale mokha.

Tsono ndifika pa cimene candilemera mumtima. Pobwerera, woperekeza anandifunsa nchito yanga ku mudzi, ndipo nditanena kuti ndiphunzitsa ana ang'ono, anakhala kanthawi osalankhula. Kenaka anandiuza kuti atate ace anali mphunzitsi wa pulaimale. Kuyambira 1975 kufikira 1979 dzikolo linalamulidwa ndi a Khmer Rouge, amene anatseka masukulu, anacotsa anthu m'matauni, napha ophunzira. Anthu pafupifupi 2 miliyoni anafa ndi njala, matenda ndi kuphedwa. Ku Phnom Penh sukulu ya sekondale inasandutsidwa ndende ya Tuol Sleng. Atate ace anataya magalasi ao, nadzicha woyendetsa ngolo wosadziwa cilembo, ndipo anapulumuka. Anzao ambiri a pa sukulu sanabwerere. Nkhondo itapita, amene anatsala odziwa kuwerenga anasonkhanitsa ana pansi pa mitengo, opanda mabuku, nayambanso. Iye mwini anaphunzira zilembo pa nthaka. Ine amene ndidandaula tsiku ndi tsiku za kusowa kwa madesiki ndi kucuruka kwa ana, ndinamvetsa tsiku lomwelo kuti anthu ankhanza aja anaidziwa mphamvu ya mphunzitsi wa kumudzi kuposa m'mene ife eni ace tiidziwira.

Ndiloleni nditsirize ndi zinthu zitatu zimene ndayamba kucita m'kalasi, ndipo akulu mundikonze pamene ndalakwa.

Coyamba ndi mau akuti "anatulukira". Mabuku akale amati Mfalansa Henri Mouhot anatulukira Angkor mu 1860. Koma wansembe wa Cipwitikizi António da Madalena anafikako mu 1586, ndipo eni dziko sanaleke konse kupembedza mu Angkor Wat. Ndi cimodzimodzi ndi Mosi-oa-Tunya, amene David Livingstone anaona mu 1855 ataperekezedwa ndi anthu amene anawadziwa mathithiwo kale. Tiphunzitse ana kuti mlendo anafika, anaona, nalemba, ndipo tichulenso amene anamsonyeza njira.

Caciwiri ndi madzi. Ngati mzinda waukulu unafooka pamene ngalande zace zinadzala mcenga, nanga mjigo wa pa sukulu ndi damu la m'mudzi? Mutu umodzi susenza denga. Ine ndagawa ana m'magulu, ndipo gulu liri lonse liri ndi sabata lace losesa pa mjigo, lokonza ngalande ya madzi otayika ndi kuwatsogolera ku dimba la sukulu. Ndikawauza za West Baray, nchitoyo aigwira mosanyinyirika.

Cacitatu ndi kuturuka m'kalasi. Ana athu ambiri sadzafika ku Cambodia, koma pafupi ndi sukulu iri yonse pali phiri, bwinja, mphanga ya zolemba zakale kapena ng'anjo yosungunuliramo citsulo, ndipo pali nkhalamba yodziwa mbiri yace. Nkhalamba imeneyo ndiye woperekeza wathu, ndipo sadzakhala nafe nthawi zonse. Teremu yatha ndinatenga ana 47 kupita nao kwa agogo ena a m'mudzi mwathu, ndipo ndinawalamula kuti ayambe aona ndi kufunsa, kulemba pambuyo. Zimene analemba ndabwera nazo m'kope ili, ndipo amene afuna kuliona andipeze potsiriza pa msonkhano.