Sitima ya Mawaya Ndi Mboni ya Mbiri Yathu



Njanji imene idutsa pano pa Sharpevale idafika ku Salima m'chaka cha 1935, kuchokera ku Blantyre kudzera ku Balaka. M'chaka chomwecho mlatho wa Dona Ana pa mtsinje wa Zambezi udatsegulidwa, kotero kuti mbewu zolimidwa m'chigawo chapakati zidayamba kuyenda pa sitima mpaka ku doko la Beira. Makolo athu a m'chigwa cha Bwanje adasenza katundu pa siteshoni, adakonza njanji, ndipo ena adakwera sitima kukafuna ntchito kutali.

Sitima za nthawi imeneyo zinali zoyendera malasha. Moto unkawiritsa madzi m'mimba mwa injini, nthunzi n'kumakankha zitsulo zozunguza mawilo. Zitabwera injini za dizilo, zakalezo zidaleka kuyenda. Lero mwana wa kuno wofuna kuona injini yotere ayenera kupita ku nyumba yosungiramo zinthu zakale ya ku Chichiri, mumzinda wa Blantyre. Ndi ana angati a m'midzi yathu amene adzafikeko?

Komatu luso lobweretsa sitimayo kumudzi tili nalo kale. Mnyamata amatola mawaya, zitini, mphira ndi zitsekerero za mabotolo, n'kupanga galimoto yokhota ndi chiwongolero. Mbusa amaumba ng'ombe yadongo ndi linunda lake. Timati n'zoseweretsa, koma wopanga zimenezi amayamba wayang'anitsitsa, n'kuyeza, n'kumvetsa m'mene chinthu chimagwirira ntchito. Ku Mua, kumene Bambo Claude Boucher adakhazikitsa malo a KuNgoni mu 1976, osema asonyeza kuti manja angathe kusunga mwambo mu mtengo. Chimene osemawo achitira magule ndi miyambo, ana athu angachitire sitima.

Chifanizo chosunga mbiri chimafuna muyeso woona. Zitsulo ziwiri za njanji yathu n'zotalikirana mamilimita 1,067. Wopanga sitima yochepa ka 20 aike mawaya ake motalikirana mamilimita 53, ndipo injini, mabogi ndi nyumba ya siteshoni azichepetse ka 20 komweko. Akatero, woona adzadziwa kukula kwenikweni kwa chinthu chilichonse.

Koma muyeso pawokha sukwanira. Woponya malasha ankaima pati? Injini inkamwa madzi motani? Katundu ankamukweza bwanji m'mabogi? Mayankho ali ndi agogo amene adaona zimenezi ndi maso awo, ndipo chaka ndi chaka tikuwaperekeza kumanda. Mawu a akulu akoma akagonera, koma agonera pokhapokha wina atawamva.

Choncho pempho langa ndi ili. Inu agogo, itanani adzukulu, muwafotokozere ndi kuwakonza pamene alakwitsa. Inu achinyamata, pangani mofatsa, ndipo pa chifanizo chilichonse mulembe dzina la chinthucho, la wopanga, ndi la amene adakufotokozerani. Inu aphunzitsi ndi mafumu, pezani chipinda chosungiramo ntchito zimenezi kuti zisachite dzimbiri pabwalo. Pa mwambo wa chaka chamawa, sitima ya malasha idzaime pano pamaso pathu, ngakhale idzakhale yokwana pamphasa.