Pensulo, Foni ndi Mikono ya Ana: Zimene Mlendo Wolemekezeka Adauza Alembi a Baseball

Komiti ya ligi ya ana ya baseball ndi softball m'tauni ina ya ku Pennsylvania, m'dziko la America, sidaitane meya kapena katswiri wopuma kuti akhale mlendo wolemekezeka pamwambo wotsekera masewero a chaka. Idaitana mayi wina wachikulire amene kwa zaka zambiri malo awo adali kuseri kwa waya wa bwalo, pensulo kukhutu, buku pamiyendo. Iwo ndiwo adali mlembi wa masewero. Lero ntchitoyo ikugwiridwa pafoni, ndipo mawu awo onse adali okhudza foniyo.

Adayamba ndi ulemu monga mwa mwambo. Adalonjera wapampando wa ligi ndi komiti yake, makochi, oyimbira masewero, makolo, amayi ndi abambo ogulitsa zakudya pabwalo, ndipo potsiriza anawo, amene adawatcha eni tsikulo. Kenako adapempha aliyense amene adalembapo masewero pafoni chaka chimenecho kuti aimirire. Adaimirira abambo angapo, amayi angapo ndi mtsikana wina wa kusekondale. Mlendoyo adati anthu amenewa aomberedwe m'manja kaye, pakuti chaka chonse aonera ana awo ndi diso limodzi, linalo lili pafoni.

Woŵerenga wosazoloŵera masewerowa afunika kudziŵa zochepa chabe. Timu iliyonse imakhala ndi anthu 9 m'bwalo. Woponya amaponya mpira, womenya wa timu inayo amayesa kuuphula ndi ndodo n'kuthamanga kuzungulira mabesi anayi, ndipo akafika pomwe adayambira timu yake yapeza pointi. Omenya atatu akatulutsidwa, matimu amasinthana, ndipo matimu onse aŵiri akamenya ndiye kuti yatha ndime imodzi. Akuluakulu amasewera ndime 9, a softball ndime 7, ana a bungwe la Little League ndime 6. Softball, imene idayambira ku Chicago mu 1887, imasiyana poti mpira wake ndi wokulirapo ndipo woponya amauponya chapansi. Kalembedwe ka masewero aŵiriwa n'kamodzi.

Mlendoyo adakumbutsa khamulo kuti kalembedweko n'kakale kuposa agogo a aliyense amene adali pamenepo. Adatchula Henry Chadwick, mtolankhani wobadwira ku Exeter ku England mu 1824, amene adakulira ku Brooklyn ndipo ankalemba za cricket asadakopeke ndi baseball. Mu 1859 Chadwick adasindikiza m'nyuzi ya New York Clipper chidule cha masewero chondandalika osewera ndi manambala awo, chimene Amereka amachitcha box score. Chilembo cha K, chosonyeza kuti womenya waphonya katatu n'kutuluka, ndi chakenso. Alembi a pambuyo pake adayamba kuchilemba chotembenuza ngati womenyayo wangoima chiimire osasuntha ndodo pa mpira wachitatu.

Apa mayiwo adatulutsa buku lawo lakale, lachikuto chothaitha, n'kulitsegula kuti a kutsogolo aone. Tsamba lililonse n'lodzaza timabokosi, ndipo m'kabokosi kalikonse muli kachithunzi ka bwalo. Malo aliwonse a wosewera ali ndi nambala: woponya ndi 1, wowakha kumbuyo kwa womenya ndi 2, a pabesi yoyamba, yachiŵiri ndi yachitatu ndi 3, 4 ndi 5, woima pakati pa besi yachiŵiri ndi yachitatu ndi 6, ndipo atatu a kutali ndi 7, 8 ndi 9. Mlembi akalemba 6-3 ndiye kuti nambala 6 adatola mpira n'kuuponyera nambala 3 wothamanga asadafike. Akalemba 6-4-3 ndiye kuti atuluka aŵiri pa mpira umodzi. Wothamanga akazungulira mpaka kupeza pointi, mlembi amadetsa kachithunzi konse ndi pensulo. Adati munthu wodziŵa amaŵerenga tsamba lotere ngati kalata, n'kukuuzani pamene zinthu zidasokonekera ngakhale sadaliko.

Ena ankayembekezera kuti atatero ayamba kulira nthawi zakale. Sadatero. Adati kulemba m'buku kudali kwa anthu ochepa, ndipo ligi iliyonse inkadalira munthu mmodzi kapena aŵiri. Akadwala, masewero ankapita osalembedwa. Masamu a kumapeto kwa sabata ankawathera usiku. Choncho pamene mapulogalamu a pafoni adafika, iwo adawalandira ndi manja aŵiri.

Pulogalamu imene ligiyo imagwiritsa ntchito ndi GameChanger. Idayambitsidwa ku New York ndi Ted Sullivan, yemwe adaponyako m'matimu ang'onoang'ono a kalabu ya Cleveland, pamodzi ndi mnzake Kiril Savino, ndipo mu 2016 kampani yogulitsa zipangizo zamasewero ya Dick's Sporting Goods idaigula. Palinso ena, monga iScore, koma magwiridwe ake safuna kusiyana. Masewero asadayambe, mlembi amaloŵetsa maina a osewera mundondomeko ya kamenyedwe. Pa mpira uliwonse woponyedwa amadina batani: wabwino, wophotchoka, womenyedwera kunja, kapena womenyedwera m'bwalo. Ukamenyedwera m'bwalo, pafoni pamabwera chithunzi cha bwalo, iye n'kulozapo ndi chala pamene mpira wagwera ndi amene wautola. Zotsalazo foni imadzichitira: kusuntha othamanga, kuonkhetsa mapointi, kuŵerengera mwana aliyense, ngakhale kulemba kankhani kachidule masewero akatha. Agogo a mwana amene ali ku Texas amatsatira mpira uliwonse ali pakhomo pawo, ndipo bambo amene ali pantchito yausiku amasuzumira foni nthawi yopuma.

Koma chimene mlendoyo adachiyamikira koposa si chimenecho. Adati phindu lalikulu la foni lili pa chigongono cha mwana.

Kuponya mpira mkono ukudutsa pamwamba pa phewa kumakoka kwambiri mtsempha wa m'kati mwa chigongono. Mu 1974 dokotala Frank Jobe adachita opaleshoni Tommy John, woponya wa Los Angeles Dodgers, potenga mtsempha pamkono winawo n'kuuika m'malo mwa woduka uja. Opaleshoniyo mpaka lero imadziŵika ndi dzina la Tommy John, ndipo chomvetsa chisoni n'choti madokotala adayamba kuichita pa anyamata a kusekondale. N'chifukwa chake mu 2007 bungwe la Little League, limene Carl Stotz adaliyambitsa ku Williamsport m'chigawo chomwecho cha Pennsylvania mu 1939, lidaika malire a mipira imene mwana angaponye. Wa zaka 9 kapena 10 asapitirire 75 patsiku, wa zaka 11 kapena 12 asapitirire 85, ndipo wa zaka 13 mpaka 16 asapitirire 95. Kupuma nakonso kuli ndi lamulo lake. Mwana wa zaka 14 kutsika m'munsi akaponya mipira 21 mpaka 35 amapuma tsiku limodzi, 36 mpaka 50 masiku aŵiri, 51 mpaka 65 masiku atatu, ndipo 66 kupita m'tsogolo masiku anayi. Amene waponya 41 kapena kuposa sangakhalenso wowakha tsiku lomwelo. Ku softball ya Little League amaŵerenga ndime m'malo mwa mipira, poti kaponyedwe kake n'kosiyana.

Kale, adatero mayiwo, manambala amenewa ankaŵerengedwa ndi kachipangizo kodina m'manja kapena timizere ta pensulo m'mphepete mwa tsamba, ndipo mkangano sunkasoŵa. Kochi wina ankati mnyamata wake waponya 64, wina nati 67, ndipo kusiyana kwakeko ndi tsiku lathunthu lopuma, mwinanso masewero a Loŵeruka. Lero nambalayo ili pafoni ya kholo lililonse. Kochi wofunitsitsa chikho sangathenso kuiwala mwadala. Adaonjeza chenjezo limodzi: mwana wosewerera matimu aŵiri, ya ligi ndi ina yoyendayenda, manambala ake amakhala m'malo aŵiri, ndipo palibe amene angawaphatikize koma makolo ake.

Atafika apa adasintha mawu, n'kuyang'ana alembi aja. Adati pali funso limodzi limene foni imafunsa koma siyankha. Mpira wamenyedwa, wadunda kaŵiri, wagunda gulovu ya mtsikana wa nambala 6 n'kuthawira kumbali, womenya wafika pabesi yoyamba. Foni ikufuna kudziŵa: kodi womenyayo wamenya bwino, kapena wotolayo walakwitsa? Woyimbira alibe nazo ntchito zimenezi, iye wagamula kale kuti wothamanga wafika. Chigamulo ndi cha mlembi yekha. Malamulo amati ndi kulakwitsa ngati wosewera akadatha kuugwira mpirawo ndi khama wamba, koma khama wamba la mwana wa zaka 10, pabwalo la mabampu, dzuŵa lili m'maso, ndani angaliyeze?

Ndipo chala chikadina, zotsatira zake zimayenda. Akadina hit, kutanthauza kuti wamenya bwino, avereji ya womenya ikwera, koma woponya ndiye wasenza mlandu, ndipo pointi ikatulukapo iŵerengedwa pamutu pake. Akadina E, kutanthauza kuti wotola walakwitsa, womenya waŵerengedwa ngati sadaphule kanthu, woponya wapepukidwa, koma mtsikana uja ali ndi banga pa dzina lake. Avereji ya kamenyedwe imapezeka pogawa mipira yomenyedwa bwino ndi maulendo amene munthu waimirira kumenya, ndipo .300 ndi yapamwamba. Kwa mwana amene waimirira maulendo 30 okha chaka chonse, zigamulo zitatu zokha zikhoza kumuchotsa pa .300 n'kumutsitsira pa .200. Ntchitoyi ikufanana ndi ya mlembi wa banki m'khonde: kope lake likapendekera kwa mbale wake, gulu lonse limaleka kulikhulupirira.

Mlendoyo adati m'masiku a buku, chigamulo chotere chinkagona m'chikwama cha mlembi. Tsopano chimafika m'mafoni a anthu mpira usadabwerere kwa woponya. Adasimba za bambo wina, osamutchula dzina, amene adabwera pawaya masewero ali m'kati, foni m'manja, kudzadandaula kuti mwana wake wamanidwa hit. Khamu lidaseka, ena akuyang'anizana, chifukwa bambo wotere aliyense amamudziŵa. Koma iwo adati nkhaniyo si yoseketsa kwenikweni. Mlembi wapafoni nthawi zambiri amakhala kholo la mwana wa m'timu momwemo, ndipo manambala a ana okulirapo amaonedwanso ndi makochi a m'makoleji. Timu imene mipira yonse ya ana ake ndi hit, pomwe ya adani awo yonse ndi E, ikudzinamiza yokha. Pamenepa adalankhula zoona, ngakhale ena m'khamulo adaoneka kuti zaŵaŵa.

Kuti aonetse kuti zolembazi zimakhala nthawi yaitali kuposa olemba ake, adatenga chitsanzo cha Negro Leagues, maligi amene anthu akuda ankasewera pa nthawi ya tsankho, asadaloledwe m'maligi aakulu. Mu December 2020 bungwe la Major League Baseball lidavomereza kuti maligi 7 a pakati pa 1920 ndi 1948 adali aakulu ndithu, ndipo mu May 2024 lidaphatikiza manambala a osewera oposa 2,300 m'mabuku ake. Josh Gibson, wowakha wa Homestead Grays, timu ya kufupi ndi Pittsburgh, adakhala mwini avereji yapamwamba m'mbiri yonse ndi .372, kuposa .367 ya Ty Cobb. Manambalawo adachokera m'ma box score amene ofufuza adafukula m'nyuzi zakale, makamaka za anthu akuda. Masewero amene box score yake sidapezeke sadaŵerengedwe, ngakhale adaseweredwa anthu ali thithithi. Mayiwo adati amene ankalemba tsiku limenelo sankadziŵa kuti adzukulu adzawadalira chotere.

Mphindi zomaliza adazipereka ku zopempha. Adapempha komiti kuti chaka chamawa, masewero asadayambe, ikonze tsiku lophunzitsa alembi, ndipo phunziro loyamba likhale la pepala, kuti wodina batani adziŵe chimene batanilo likutanthauza. Adapempha kuti alembi a matimu onse aŵiri azifananiza mipira ya woponya ndime iliyonse ikatha, osadikira kumapeto. Buku ndi pensulo zisachoke m'thumba la timu, chifukwa foni imatentha padzuŵa n'kudzizimitsa, batire limatha, ndipo mvula sisankha. Pa matimu a ana aang'ono kwambiri adapempha makochi kuganizira zosaonetsa makolo manambala a mwana mmodzimmodzi, n'kusiya poyera mapointi a timu ndi mipira ya woponya basi. Makolo adawapempha kuti dandaulo la hit ndi E lizipita kwa kochi tsiku lotsatira, osati pawaya.

Wapampando adayankha pomwepo kuti za maphunzirozo azikambirana pamsonkhano wotsatira wa komiti, ndipo adapempha mayiwo kuti adzaphunzitse okha. Iwo adavomera, koma adati mtsikana wa kusekondale uja adzaŵathandize mbali ya foni. Atatero adapereka zikho, kuyambira ndi timu ya atsikana ya softball ya zaka 11 ndi 12.