Mamailosi Atatu a Yotham Muleya

Nkhani ya madzulo ano ndi ya mnyamata wa ku Choma, dzina lace Yotham Muleya, amene sanakwanitse ndi zaka 20 zomwe pa dziko lino, koma dzina lace linapatsidwa kwa msewu wina wa mu Lusaka ndi sukulu ina ya mumzinda womwewo. Mlendo woona dzinalo angayese kuti mwini wace anali nduna ya Boma kapena mtsogoleri wa cipani. Iai, iye anali wophunzira nchito ya umakaniko, ndipo cimene cinamchukitsa ndi liwiro.

Muleya anabadwa m'caka ca 1940 m'mudzi wa Mudukula, m'dziko la Atonga, kumene cuma ca munthu ndi ng'ombe. Mngoni wa ku Madzimoyo, kapena wa kwina kulikonse kwa Mpezeni, adziwa bwino umo ubusa ulimbitsira miyendo ya mwana, pakuti thole likathawa palibe wina wolibweza koma mbusa yemweyo, ndipo minga ndi miyala sizimfunsa ngati ali ndi nsapato. M'dziko lotere ndimo anakulira Muleya. Pofika 1958 anali ku Lusaka, pa sukulu ya nchito zamanja ya Hodgson, kuphunzira kukonza magalimoto, ndipo mbiri ya kuthamanga kwace inali itayamba kumveka.

Kumapeto kwa caka cimeneco ku Salisbury, mzinda umene lero uchedwa Harare, kunafika mlendo wocokera ku Mangalande, Gordon Pirie. Ameneyu sanali munthu wamba pa liwiro. M'caka ca 1956 anathamanga mamita 5,000 ku Bergen mofulumira koposa munthu aliyense kufikira nthawi imeneyo, ndipo caka comweco pa masewera a Olympic ku Melbourne anakhala waciwiri, wotsatana ndi Vladimir Kuts wa ku Soviet Union. Anakonza tsono mpikisano wa mamailosi atatu kuti anthu aone katswiriyo, ndipo ena anati Muleya alowemo naye.

Apa ndipo panauka mlandu. Masiku amenewo anali a Citaganya ca Rhodesia ndi Nyasaland, cimene cinakhala kuyambira 1953 kufikira 1963. Akuluakulu akumbukira umo munthu wakuda anali kugulira nyama pa zenera la buchala, Mzungu alikulowera pa khomo. A kumigodi akumbukira nchito zimene munthu wakuda sanali kuloledwa kuzigwira ngakhale azidziwe cotani. Pa bwalo la masewera panalinso mpanda womwewo. Mkulu wa bungwe loyang'anira za liwiro ku Southern Rhodesia, William DuBois, anakana poyera kuti munthu wakuda athamange pamodzi ndi Azungu, nalankhula mau onyoza amene sayenera kubwerezedwa pa wailesi. Mauwo anatuluka m'manyuzipepala, nafika ndi kunja komwe, ndipo manyazi anagwira anzace a m'bungwemo, kotero kuti anamkana mkulu waoyo, nalola Muleya kuti athamange. Nkhondo yaikulu ya Muleya inali imeneyi, ya kungofika pa mzere woyambira, ndipo anapambana asanaponye phazi.

Tsikulo linali la 6 December, 1958. Inali nyengo ya dzinja ndipo bwalo linali lamatope. Pirie ndi anzace anabvala nsapato zao zothamangira, zija za misomali kunsi. Muleya anaima pakati pao ndi mapazi okhaokha. Mamailosi atatu ndiwo kuzungulira bwalo la mayadi 440 kakhumi ndi kawiri, ndipo munthu wa phuma amene ataya mphamvu zace zonse poyamba, potsiriza miyendo imkana. Muleya sanatero. Pamene mpikisano unafika kumapeto, mnyamata wa ku Hodgson anali patsogolo yekhayekha, katswiri wa ku Mangalande ali m'mbuyo monga mayadi 100. Nthawi yace inali mphindi 14 ndi masekondi 48 ndi theka, ndiko kunena masekondi 74 pa kuzungulira kulikonse, ndipo panalibe wina anathamangapo cotero m'Rhodesia. Anthu oonerera, akuda ndi oyera omwe, anamnyamula pa mapewa.

Koma nkhani yabwino isakometsedwe kopitirira. Nthawi ya Muleya inali kutali ndi ya akatswiri a dziko lonse, pakuti m'July wa caka comweco Albie Thomas wa ku Australia anatha mamailosi atatu ku Dublin m'mphindi 13 ndi masekondi 11 osakwana. Ndiponso pali cinthu cimene anthu anacizindikira bwino pambuyo pace, makamaka pa masewera a ku Mexico City m'caka ca 1968: mzinda wokhala pamwamba, monga Salisbury, uli ndi mpweya wopepuka, ndipo munthu wocokera kunsi, kufupi ndi nyanja yamcere, amatha mpweya msanga, pamene wokulira pamtunda cifuwa cace cinazolowera. Zimenezi zinamthandiza Muleya ndithu. Komatu matope anali amodzi kwa onse, ndipo wina anali mwamuna wa zaka 27 wozolowera mabwalo onse a ku Ulaya, wina mnyamata wa pa sukulu amene masiku ocepa m'mbuyomo anali kumkaniza ndi kulowa komwe. Amene anati munthu wakuda sayenera kuima pa mzere umodzi ndi Mzungu anasowa conena, ndipo mpandawo sunaimenso monga kale. Pa masewera a Olympic a ku Rome m'caka ca 1960, gulu la Rhodesia linali ndi munthu wakuda wa liwiro, Cyprian Tseriwa.

Muleya sanaone zimenezo. M'caka ca 1959 anapeza mwai wopita ku Amereka, ku sukulu yaikulu ya Central Michigan, kukaphunzira ndi kuthamanga. Atangokhalako masiku owerengeka, m'mwezi wa November, galimoto imene anakwera inagundana ndi inzace kufupi ndi mzinda wa Mount Pleasant, ndipo iye anamwalira ndi mabala a ngoziyo. Panali pasanathe caka cathunthu cicokere tsiku lija la ku Salisbury.

Miyezi khumi pambuyo pa imfa yace, Abebe Bikila wa ku Ethiopia anapambana mpikisano wa marathon ku Rome, nayenso wopanda nsapato, ndipo kuyambira pamenepo maiko onse anayamba kuopa miyendo ya Aafrika pa liwiro la mtunda wautali. Zambia anadikira nthawi kuti apeze katswiri wa dziko lonse, ndipo anampeza kumigodi konkuno: Samuel Matete wa ku Chingola, amene anapambana mpikisano wa mamita 400 wolumpha mipanda ku Tokyo m'caka ca 1991, nakhala waciwiri pa masewera a Olympic ku Atlanta m'caka ca 1996.

Mumzinda womwewo wa Tokyo, m'caka ca 1964, anyamata a dziko lino analowa m'bwalo la Olympic pansi pa dzina la Northern Rhodesia, ndipo pa mwambo wotsekera masewerawo, pa 24 October, tsiku la ufulu, anayenda ndi dzina latsopano la Zambia. Akadakhala moyo, Muleya akadakhala wa zaka 24, msinkhu umene munthu wa liwiro lalitali angoyamba kumene kukhwima.